Gaston Kaboré ndi mwana amene analeka kulankhula

Kumadzulo kwa Afrika kuli dziko dzina lake Burkina Faso. Ndi dziko lotentha, la mvula yocepa, ndipo silifika ku nyanja yamcere. Anthu ake ambiri ndi alimi monga ife. Amalima mapira, mcewere, cimanga ndi thonje, ndipo amaweta mbuzi, nkhosa ndi ng'ombe. Likulu lake ndi mzinda wa Ouagadougou. Dzinali tikaliona papepala limaopsa, koma pakamwa silibvuta: tinene kuti Wagadugu.

Lero tiwerenga za bambo wina wa kumeneko, a Gaston Kaboré. Nchito yao ndi kupanga mafilimu, amene enafe timati kanema. Mwina wina afunsa kuti, "Nanga ife a khasu m'manja, za wopanga kanema wa kutali zitikhudza bwanji?" Funsolo ndi labwino. Bambo amenewa anayamba nchito yao ndi funso limene ifenso limatikhudza: kodi mbiri ya anthu a kumudzi amaisimba ndani, ndipo amaisimba m'cinenero ca yani?

Tiyambe ndi dziko lao. Mtundu waukulu wa ku Burkina Faso ndi Amossi, amene ali pafupifupi theka la anthu onse a m'dzikomo. Cinenero cao ndi Mooré. Amossi anali ndi maufumu ao kwa zaka mazana ambiri azungu asanafike, ndipo mpando wa mfumu yaikulu ya ku Ouagadougou, imene amati Mogho Naba, ulipo mpaka lero. Mu 1896 asilikali a dziko la France analanda mzindawo, ndipo pambuyo pake atsamunda anapatsa dzikolo dzina loti Haute-Volta. Ufulu unabwera mu 1960, koma dzina la atsamunda linakhalabe mpaka 1984, pamene boma la Thomas Sankara linalisintha kukhala Burkina Faso, kutanthauza dziko la anthu oongoka mtima.

M'nthawi ya utsamunda munthu wakuda ankatha kuonera kanema, koma kupanga wakewake kunali kobvuta. Mu 1934 boma la France linaika lamulo lakuti aliyense wofuna kujambula filimu m'maiko ake a mu Afrika ayambe wapempha cilolezo kwa bwanamkubwa, ndi kumuonetsa zimene afuna kujambula. Cotero mu 1955 ophunzira ena a ku Afrika, motsogoleredwa ndi Paulin Vieyra, ataona kuti kwao saloledwa, anajambulira filimu yao ku Paris, likulu la France. Mutu wake unali Afrique sur Seine. Taganizani: kwanu kukukanizani kugwira kamera, mpaka mukaigwirire kumudzi kwa amene anakulandani dziko.

A Kaboré anabadwira m'mzinda wa Bobo-Dioulasso kuciyambi kwa zaka za m'ma 1950, utsamunda udakalipo, ndipo anakulira ku Ouagadougou. Anali mmodzi wa ana ocepa amene anapita patali ndi sukulu. Sukulu ya nthawi imeneyo inali ya m'Cifalansa, monga kwathu kuno inali ya m'Cipwitikizi. Atatsiriza sekondale anasankha phunziro la mbiri yakale. Anayambira ku Ouagadougou komweko, kenaka anapita ku Paris, ku yunivesite ya Sorbonne. Sanapite kukaphunzira za kanema ai. Anapita kukaphunzira mbiri.

Ku Paris anafufuza nkhani imodzi: kodi Afalansa ankamuonetsa bwanji munthu wa ku Afrika m'masiku amene ankalanda maiko? Tsono anatsegula manyuzipepala akale okhala ndi zithunzi, a kumapeto kwa zaka za m'ma 1800. Zambiri mwa zithunzizo zinali zojambula ndi manja. M'zithunzi zotere msilikali wacizungu amaima pakati, woongoka, wobvala bwino. Anthu akuda amakhala cigulu, ena akuthawa, ena atagwada, ena akuoneka olusa ngati zirombo. Simuonamo mai akusinja, simuonamo woomba nsalu, simuonamo akulu akuweruza mlandu pabwalo.

Apa pali cinthu cimene ife a m'kalasi muno ticidziwa bwino. Munthu amene sadziwa kuwerenga zilembo, cithunzi amaciwerenga. Tsiku loyamba titalandira buku, maso athu anathamangira ku zithunzi. Cotero bodza lolembedwa limafika kwa owerenga okha, koma bodza lojambulidwa limafika kwa onse, ana ndi akulu omwe. Mwana wa ku France woona zithunzi zija ankakula akukhulupirira kuti ku Afrika kulibe mbiri, kulibe malamulo, kulibe nzeru, ndi kuti kulanda maiko amenewo ndi kuwacitira cifundo.

A Kaboré anaona kuti mafilimu a masiku ao onena za Afrika anali kubwereza zomwezo, ngakhale maiko ambiri anali atalandira kale ufulu. Anaganiza zophunzira m'mene filimu imapangidwira, kuti adziwe m'mene kamera imanamira. Analowa sukulu ya kanema ya ESEC ku Paris komweko, natsiriza mu 1976. M'zaka zomwezo kunatuluka filimu ya Ousmane Sembène wa ku Senegal, mutu wake Xala, yoseka mabwana acikuda amene analowa m'mipando ya atsamunda nayamba kudya ngati atsamundawo. Filimu imeneyi inawaonetsa kuti kamera yomweyo, ikakhala m'manja mwa mwini dziko, itha kunena zina. Anacoka kwao ali wofufuza mbiri, anabwerera ali wopanga mafilimu.

Dziko limene anabwererako linali losauka, koma pa nkhani ya kanema linali patsogolo pa anzake. Mu 1969 ku Ouagadougou kunayamba cikondwerero ca mafilimu a mu Afrika, cimene amati FESPACO. Masiku ano cimacitika kamodzi pa zaka ziwiri. Mu 1970 makampani awiri acifalansa, eni nyumba zoonetseramo kanema, anakangana ndi boma pa mtengo wa matikiti. Boma linatenga nyumbazo, ndipo gawo lina la ndalama za pakhomo linayamba kusungidwa kuti lithandize kupanga mafilimu a m'dzikomo. Akuluakulu ena pakati pathu akumbukira kuti kwathu kunonso, ufulu utangobwera, boma linakhazikitsa Instituto Nacional de Cinema, ndipo magalimoto ankayenda m'midzi kuonetsa Kuxa Kanema pa nsalu yoyera usiku. Ganizo linali limodzimodzi: anthu adzione okha pa nsalupo.

Kuyambira 1977 mpaka 1988 a Kaboré anali mkulu wa ofesi ya boma yoona za kanema, ndipo ankaphunzitsanso pa sukulu ya kanema ya INAFEC. Mafilimu ao oyamba anali aafupi, ophunzitsa anthu. Ina ya mu 1978 inali yonena za kasungidwe ka mbeu zokolola. Nchito yotere siimveketsa dzina la munthu, koma ife tiganiza kuti amene anayamba ndi kujambula nkhokwe sangasocere akalowa m'mudzi ndi kamera.

Filimu yao yaikulu yoyamba inatuluka mu 1982. Mutu wake ndi Wend Kuuni, kutanthauza Mphatso ya Mulungu. Tiisimbe bwinobwino, pakuti nchito yonse ya bambo amenewa yagona m'menemu.

Nkhani yake ndi ya kale, azungu asanafike ku dziko la Amossi. Filimu iyamba ndi mai ali m'nyumba, akulira. Mwamuna wake, mlenje, anapita kuthengo, ndipo papita miyezi yambiri osabwera. Akulu a m'mudzi amuuza kuti mwamunayo anafa, akwatiwe ndi wina. Maiyo akana. Aganiza zothawa ndi mwana wake wamwamuna. Apa filimu iwasiya, osatiuza cimene cinawagwera.

Kenaka tiona wamalonda akuyenda ndi bulu m'thengo. Apeza mnyamata atagona pansi, ludzu litatsala pang'ono kumupha. Amumwetsa madzi, amufunsa kwao, koma mnyamatayo sayankha. Salankhula. Wamalonda amukweza pa bulu namusiya m'mudzi wina, m'manja mwa Tinga, woomba nsalu, ndi mkazi wake Lale. Mfumu ituma anthu okwera akavalo kuti akafunse m'midzi ngati kuli amene anataya mwana. Abwerako cimanjamanja. Tsono Tinga amutenga kukhala mwana wake, namupatsa dzina loti Wend Kuuni.

Gawo lalikulu la filimu ndi moyo wa tsiku ndi tsiku. Tiona Tinga akuomba nsalu, amai akusinja ndi kutunga madzi, anthu akugulana malonda pamsika. Wend Kuuni aweta mbuzi, asema citoliro naciliza kubusa. Kamera sithamanga. Iyenda monga ayendera munthu wa kumudzi, amene amayembekeza kuti moni athe ndi kuti mlendo amwe madzi asanafunsidwe cimene wadzera. Pena timva mau a munthu wosaoneka akulongosola nkhani, monga acitira agogo posimba nthano pamoto. Mnzake wa mnyamatayo ndi Pognere, mwana wamkazi wa Tinga. Kamtsikanaka kamamutsata kubusa ndi kumulankhula ngakhale iye sayankha, ndipo amake amakakalipira kuti malo a mtsikana ndi pakhomo, pa nchito za m'nyumba.

M'mudzimo muli mkulu wina, Bila, amene ali ndi mkazi wamng'ono, Timpoko. Tsiku lina awiriwa akangana pamaso pa anthu, ndipo mkaziyo anena poyera kuti mwamunayo wakalamba, alibenso mphamvu za m'nyumba. Anthu awaleretsa. Usiku Wend Kuuni akumbukira kuti anaiwala mpeni wake kubusa. Abwerera mumdima, ndipo apeza Bila atadzimangirira pamtengo. Mantha aja amasula lilime lake. Mnyamata akuwa, ndipo mau abwerera.

Woyamba kumva nkhani yake yonse ndi Pognere. Amake atakana kukwatiwa, anthu a kwao anati ndi mfiti. Anawagenda miyala, anatentha nyumba yao, anawapitikitsa. Mai ndi mwana anayenda m'thengo mpaka kutopa, nakhala pansi pa mtengo. Mwana podzuka anapeza amake atatsirizika. Anathamanga osadziwa kopita mpaka anagwa. Kuyambira pamenepo mau anamuthawa.

Anthu ena, akamva kuti filimu ndi ya miyambo ya makolo, amayembekeza magule, zobvala zokongola ndi mau otamanda zakale. Ena anadzudzulapo mafilimu a kumudzi otere, kuti amangokondweretsa azungu okonda kuona zikho ndi nyumba zaudzu, mabvuto a lero osawakhudza. Ife sitibvomereza kuti Wend Kuuni ili m'gulu limenelo. Taonani zimene yaonetsa. Mudzi wina unatola mwana wosadziwika, unafunafuna abale ake, ndipo atasowa unamulera ngati wobadwira pomwepo. Mudzi wina, wa anthu a mtundu womwewo ndi miyambo yomweyo, unathamangitsira ku imfa mai wosalakwa cifukwa anakana mwamuna. Zonse ziwiri ndi za makolo. A Kaboré sanabise cimodzi kuti cinzake ciwale.

Ndipo ndani pakati pathu anganene kuti nkhani ya maiyo ndi yakale, kapena ya ku Burkina Faso kokha? Tonse tamvapo za agogo amene anapitikitsidwa pamudzi mwana wa mnansi atamwalira, kapena za mai wamasiye amene analandidwa munda ndi nyumba misozi isanaume. Atsamunda ankati makolo athu analibe cabwino. Kuwayankha kuti makolo athu analibe coipa ndi bodza linanso. Wophunzira mbiri uja anakana mabodza onse awiri. Anaonetsa makolo ake monga anthu, okhoza kulera ndi okhozanso kulakwa. Anaonetsanso kuti pakati pao panali amai, monga make Wend Kuuni ndi Timpoko, amene ankadziwa kunena kuti "ai" popanda mlendo kudzawaphunzitsa.

Ambiri amene analemba za filimuyi amati mwana wosalankhulayo akuimira Afrika, amene utsamunda unamutseka pakamwa. Zingakhale conco. Koma cimene cinatigwira mtima ife ndi ici. Okwera akavalo a mfumu anayenda mtunda wautali kufunafuna mbiri ya mwanayo, osapeza kanthu. Tinga ndi Lale, ngakhale anamukonda, anangomupatsa dzina latsopano, pakuti lakale sanalidziwe. Mbiri yonse inali mumtima mwa mwini wake, ndipo panalibe wina woti ainene. Inatuluka tsiku limene mwiniyo anatsegula pakamwa, ndipo anaiuza kamtsikana kamene anthu akulu sankakawerengera.

Anthu a m'nkhaniyi alankhula Mooré, ndipo ambiri mwa osewerawo sanali akatswiri a zisudzo. Alendo amathandizidwa ndi mau olembedwa m'munsi mwa cithunzi. Apa zinthu zatembenuka. Mlimi wa ku Burkina Faso wosapita kusukulu amva zonse ndi makutu ake, pamene wophunzira wa ku Paris ndiye ayenera kuwerenga kuti atsatire. Ifenso a Cinyanja Mooré sitimumva. Ena a ife tinaionera pa foni, mitu itagundana, ndipo mau a m'munsi aja ankathamanga kuposa maso athu. Koma tinadabwa kuti zambiri tinazimva popanda kuwerenga, pakuti kagwadidwe ka mwana pamaso pa akulu, kapena kayang'anidwe ka mai wokwiya, sizifuna womasulira. Mu 1985 filimuyi inalandira mphoto ya César ku France, ndipo dzina la a Kaboré linamveka kunja.

Filimu yaciwiri, Zan Boko, inatuluka mu 1988, ndipo inasiya zakale kubwera ku masiku a mizinda ndi magalimoto. M'cinenero ca Mooré mauwa anena malo amene anakwirirapo nsengwa, cija cimatuluka pambuyo pa mwana pobadwa. Kwa Amossi malo amenewo amamanga munthu ku nthaka ya makolo ake. Ifenso tili ndi mau ofanana, tikamanena za kwathu kumene unagwera mcombo wathu. Filimu iyamba ndi kubadwa kwa mwana m'mudzi wa pafupi ndi mzinda.

Mwini khomo ndi mlimi, nayenso dzina lake Tinga, ndipo wosewera ndi yemwe uja anali woomba nsalu, Joseph Nikiema. Tsiku lina kufika anthu oyeza malo. Ayeza, alemba manambala pa zipupa za nyumba, acoka. Mzinda ukukula, ndipo mudzi wamezedwa. Anansi agulitsa malo mmodzimmodzi nasamuka. Minda itha. Madzi, amene kale ankangotunga, tsopano ndi ogula. Pafupi ndi nyumba ya Tinga pamera nyumba yosanja ya munthu wolemera, wodziwana ndi akuluakulu a boma. Banja lolemeralo lidandaula za fungo la pakhomo pa Tinga, ndipo lifuna malo akewo kuti likumbepo dziwe losambiramo. Amunyengerera kuti agulitse. Tinga akana.

Mtolankhani wina, dzina lake Yabre, amva za nkhaniyi. Pa wailesi yakanema ya boma pali pologalamu imene akuluakulu ndi anthu ophunzira akambirana za kukula kwa mizinda, m'Cifalansa. Yabre abweretsa Tinga, mlimi weniweni, kuti anene yekha. Akuluakulu ataona izi, lamulo liperekedwa, ndipo pologalamu idulidwa pakati. M'malo mwake anthu aonetsedwa magombe a ku Ulaya kumene olemera amakapuma. M'filimu yoyamba mwana analeka kulankhula cifukwa ca nkhanza za anthu a m'mudzi mwake. M'yaciwiri bambo wamkulu, wa lilime labwinobwino, atsekedwa pakamwa ndi boma la dziko la ufulu.

Tikumbukire kuti wopanga filimu imeneyi anali wanchito wa boma, mkulu wa ofesi ya kanema. Kuloza cala pa mabwana anzako si capafupi. Ndipo pamene ena amati cikhalidwe ndi gule ndi ng'oma, Zan Boko ikuti cikhalidwe cili ndi pokhala pake. Mukacotsa anthu pa nthaka imene pali manda ndi minda yao, gule angabvinidwebe pa tsiku la cikondwerero, koma amakhala ngati mtengo wodulidwa dzulo umene masamba ake akadali aawisi. Amene tili pafupi ndi matauni okula kapena ndi migodi, nkhani ya oyeza malo tiidziwa.

Wina angadabwe kuti pakati pa filimu yoyamba ndi yaciwiri panapita zaka 6. Kupanga filimu kumadya ndalama zambiri. Pa sekondi imodzi pamafunika zithunzi 24, ndipo m'zaka zimenezo zithunzizo zinkajambulidwa pa lamba wautali wogulidwa kunja, amene kawirikawiri ankatumizidwa ku Ulaya kuti akatsukidwe. Ndalama zambiri zothandizira opanga mafilimu a kumadzulo kwa Afrika zinkacokeranso ku Ulaya komweko, makamaka ku France. Ili ndi bvuto limene iwo amalidandaula: filimu yonena za mudzi imaonedwa kwambiri ku Paris kuposa m'mudzimo. Pofuna kulimbana ndi zotere, a Kaboré anatumikira monga mlembi wamkulu wa FEPACI, bungwe la opanga mafilimu a mu Afrika monse, kuyambira 1985 mpaka 1997. Zaka 12 za misonkhano, maulendo ndi makalata zinadya nthawi imene akadapanga nayo mafilimu ena. M'nthawi imeneyo, mu 1989, ku Ouagadougou kunakhazikitsidwa nkhokwe yosungiramo mafilimu a mu Afrika. Nkhokwe imeneyi nayo ili ndi adani ake: mu 2009 madzi osefukira analowamo naononga mafilimu ambiri.

Mu 1992 anatulutsa Rabi, nkhani ya mwana wa wosula zitsulo amene aweta kamba pakhomo, mpaka azindikira kuti kwao kwa kamba ndi kuthengo. Filimuyi inapangidwa mothandizana ndi BBC, m'caka ca msonkhano waukulu wa zacilengedwe wa ku Rio de Janeiro. Anapanganso filimu yaifupi ya Madame Hado, mai wodziwika kwao pa kuimba ndi kubvina.

Koma mwana wosalankhula uja sanacoke mumtima mwao. Mu 1997, patapita zaka 15, anabwerera kwa iye ndi filimu ya Buud Yam. Mau oti buud anena mtundu, makolo ndi zidzukulu pamodzi, ndipo yam ndi nzeru kapena mzimu. Wosewera Wend Kuuni ndi Serge Yanogo, yemwe uja anali mwana mu 1982, tsopano atakula. M'nkhaniyi mlongo wake uja wadwala matenda osadziwika. Mudzi womwe uja unamulera uyamba kunong'ona kuti tsoka labwera ndi mwana wotola. Cimene cinacitikira amake catsala pang'ono kumucitikira iye. Tsono akwera kavalo kukafuna sing'anga wa kutali amene angacize mlongo wakeyo. Adutsa m'cipululu, m'nkhalango ndi m'mbali mwa mitsinje, akumana ndi anthu a mitundu ina ndi makhalidwe ena, ena omuthandiza, ena omuganizira zoipa. Pomaliza apeza sing'angayo nabwera naye, ndipo wodwala acira.

Ife tiona kuti m'filimu imeneyi a Kaboré anakulitsa bwalo. Wend Kuuni inaonetsa mudzi umodzi. Buud Yam ikuonetsa kuti Afrika wakale sanali midzi yodzitsekera, koma anali ndi njira, misika ndi apaulendo, ndipo mankhwala amene mudzi unasowa anapezeka kwa anthu ena. Ikubwerezanso cenjezo lija, kuti mudzi wokoma mtima dzulo utha kutembenuka lero matenda akalowa.

Caka comweco Buud Yam inalandira mphoto yaikulu ya FESPACO, imene amati Étalon de Yennenga. Mphotoyi ndi cifanizo ca mkazi atakwera kavalo. Mbiri ya pakamwa ya Amossi imati Yennenga anali mwana wa mfumu ya kumpoto kwa dziko limene lero ndi Ghana, mtsikana wodziwa nkhondo. Atate ake atamukaniza kukwatiwa, anathawa pa kavalo, nakumana ndi mlenje m'thengo. Mwana wao anamupatsa dzina loti Ouédraogo, kutanthauza kavalo wamphongo, ndipo mafumu a Amossi amati anacokera mwa iye. Nayenso, monga mukuona, ndi mkazi amene anakana nathawa.

Pofika pamenepa a Kaboré anali munthu wolemekezeka kunja. Mu 1995 anali mmodzi wa oweruza mafilimu pa cikondwerero ca ku Cannes, ndipo mu 2009 pa ca ku Berlin. Koma mphamvu zao zambiri anazipereka ku uphunzitsi. Sukulu ya INAFEC ija inali itatsekedwa m'zaka za m'ma 1980, ngakhale inatulutsa anthu odziwika. Mmodzi ndi Idrissa Ouédraogo, amene mu 1989 anapanga Yaaba, nkhani ya agogo aakazi onenedwa ufiti amene apalana ubwenzi ndi mnyamata wa m'mudzi. Wina ndi mai Fanta Régina Nacro, amene mu 2004 anatulutsa La Nuit de la vérité. Sukuluyo itatsekedwa, wacinyamata wofuna kuphunzira za kanema kawirikawiri ankayang'ananso ku Ulaya, monga anacitira a Kaboré zaka zambiri m'mbuyomo.

Mu 2003 anatsegula sukulu yao ku Ouagadougou, dzina lake Imagine. Inakonzedwa kuti anthu azibwera kwa masabata ocepa, kuphunzira mbali imodzi ya nchito, ndi kubwerera kwao. Kumeneko kwaphunzira acinyamata ndi anthu odziwa kale nchito ocokera m'maiko ambiri a mu Afrika. Ena anaphunzira kulemba nkhani ya filimu, ena kugwira kamera, ena kujambula mau, ena kulumikiza zithunzi pa kompyuta kuti nkhani iyende bwino.